Fyuluta ya mafuta ya Corolla 121 imakhala pati? Kuboneti sitikuiona

NyaKatawa
Monire mose akuluakulu. Ndithandizeni nzeru. Ndili ndi Corolla ija timaitchula kuti 121, ya petulo, injini yake 1NZ. M'tauni muno, kuchoka ku Katoto kukafika ku Luwinga, ikuyenda bwinobwino. Vuto ndi zitunda. Loweruka pokwera kuchokera ku Nkhata Bay inayamba kudukizadukiza, ndikaponda moto osayankha, mpaka maminibasi odzaza ndi madengu a usipa ankangondipitirira. M'mawa ikumachedwanso kulira. Mnzanga wa kuntchito akuti ndi fyuluta ya mafuta. Tatsegula boneti ndi mlongo wanga, tafufuza paliponse, sitikuiona. Makaniko wina wa kufupi ndi kwathu akuti galimoto zimenezi zilibe fyuluta, ndingogula pampu yatsopano. Kodi n'zoona? Ngati ilipo, imakhala pati?

Probox_Yoyera
Makaniko ameneyo ali ndi pampu pashelefu yomwe yasowa msika, mayi.

Dalaivala_M5
Suzumirani kunsi kwa galimoto, chakufupi ndi tayala lakumbuyo. Muona kachitini kachitsulo kokhala ndi mapaipi awiri. Zonse zimakhala pamenepo.

MdalaWaLuwinga
A Dalaivala, musawagoneke mayiwa m'matope a Mzuzu ano pachabe. Kunsi kwa 121 kulibe kachitini kalikonse. Fyuluta ilipo ndithu, koma ili m'kati mwa thanki, pamodzi ndi pampu. N'chifukwa chake simukuiona.

Chimene chimasokoneza anthu n'chakuti a Toyota anasintha kapangidwe. Pa Corolla zam'mbuyomo, za 100 ndi 110 zija, za injini ya 4A kapena 5A, fyuluta inkakhala kuboneti, chakumunsi pafupi ndi khoma lolekanitsa injini ndi mokhala anthu. Pamwamba inali ndi bawuti yobooka pakati ndi mawasha awiri, kunsi kwake nati yogwira paipi yachitsulo. Mafuta otsala ankabwerera kuthanki pa paipi ina. Pofika pa 121, yomwe inayamba kupangidwa mu 2000, anachotsa paipi yobwererayo n'kulowetsa zonse m'thanki. Mukazula chipangizocho mupeza zinthu izi zili pamodzi: pampu, fyuluta yapulasitiki yomwe pampuyo imalowamo, regulator yosunga puresha, fuloti ya geji yoonetsa mafuta otsala, ndi kasefa kansalu kunsi kwenikweni, kooneka ngati kasokosi ka mwana. Ndiye zosefa zilipo ziwiri. Kasefako kamagwira zinyalala zikuluzikulu zisanalowe m'pampu, fyuluta imagwira zosaoneka ndi maso zisanafike ku ma injector, tija timawazira mafuta m'injini.

Pofikira pake mposavuta, simutsitsa thanki ayi. Mpando wakumbuyo, pokhalira paja, mumangoukokera m'mwamba chakutsogolo kwake, umazuka. Pansi pake muona chivundikiro chokhala ndi mawaya. Pamenepo.

Dalaivala_M5
Ine ndimanena za galimoto zomwe ndayendetsapo, madala.

MdalaWaLuwinga
Palibe mlandu, achimwene, zilipodi zambiri zokhala ndi fyuluta kunsi. Koma mawu oti "zonse" ndi amene amagulitsa anthu katundu wolakwika.

NyaKatawa
Yewo chomene a Mdala. Ndiye ndikagule fyuluta mawa?

Mphunzitsi_Ekwendeni
Dikirani kaye mayi, ndalama siitoledwa pansi. Zomwe mwafotokozazo si fyuluta yokha imene imachita zimenezo. Pulagi yotha kapena koyilo (yopereka moto ku pulagi) imodzi yofooka imadukizanso pachitunda. Sensa ya mpweya ija ili pafupi ndi bokosi la air cleaner ikadetsedwa ndi fumbi, galimoto imafooka chimodzimodzi. Yanga inandivutitsa chaka chatha, aliyense ankati mafuta, mapeto ake inali koyilo. Kodi nyali ya check engine yayaka? Ngati yayaka, kaikeni pa kompyuta. Ikatulutsa nambala ya vuto P0171 ndiye kuti injini ikulandira mpweya wambiri kuposa mafuta, pamenepo nkhani ya fyuluta kapena pampu yayamba kumveka, ngakhale sensa ija ndi paipi ya mpweya yong'ambika zimatulutsanso nambala yomweyo. Ikatulutsa P0301 mpaka P0304, yambani ndi mapulagi ndi makoyilo.

Sipanala14
Aphunzitsi anena zoona, koma pali njira yachidule kuposa kulota. Geji yoyezera puresha ya mafuta. Pa 1NZ imayenera kuwerenga pakati pa 304 ndi 343 kPa, tingoti 3 bar ndi kakang'ono. Muyeze injini ikulira payokha, kenako wina aponde moto mwamphamvu muone ngati muvi ukugwa. Ukagwa, mafuta sakufika okwanira. Mukazimitsa, muvi usatsike msanga. Ukatsika nthawi yomweyo ndiye chifukwa chake ikuchedwa kulira m'mawa, mapaipi akumagona opanda kanthu. Magalaja ena ku Luwinga ali nayo geji imeneyi, funsani musanasiye galimoto. Wopanda geji amangosintha zinthu chimodzichimodzi ndi thumba lanu mpaka mwayi umugwere.

NyaKatawa
Nyali siinayake. Koma mapulagi anasinthidwa posachedwapa pa sevisi. Chinanso, ndikakhala pamalo a phee ndimamva kulira kwina kochokera kumpando wakumbuyo, kopyapyala, komwe kale kunalibe.

Sipanala14
Imeneyo ndi pampu ikudandaula. Ikukoka movutika. Fulumirani isanapse.

Kabaza_Katoto
Funso limodzi lokha amama, ndipo muyankhe moona. Munathirako wa chigubu?

NyaKatawa
Ndani sanathireko mu Mzuzu muno? Nthawi ya mizere ija mukanafuna ndizipita kuntchito wapansi?

Kabaza_Katoto
Basitu, mlandu watha.

MwanaWaChibavi
Inu a kabaza musayankhule, ndinu nomwe munkazungulira pa filing'i, kuthira, kukakhuthulira m'zigubu kuseri, kubweranso pamzere. Ife tagona m'galimoto usiku wonse ndi kuzizira kwa kuno, m'mawa akuti atha.

Kabaza_Katoto
Si tonse bwana. Enafe njinga ndiye munda wathu, tsiku lopanda petulo ana sadya.

MayiWaUsipa
Zigubuzo muzizionanso. Chigubu chinali cha mafuta ophikira, china chinkatungira madzi, fanulo yake ndi botolo lodula lomwe limagona pamchenga. Ndinaona ndi maso anga mnyamata akusefa petulo ndi kansalu ka m'thumba, kansaluko n'kusanduka kofiira. Nanga zomwe zinadutsa?

Probox_Yoyera
Ena amathiramo palafini kuti achuluke. Fyuluta siingakuthandizeni pamenepo, palafini amadutsa bwinobwino.

Mphunzitsi_Ekwendeni
A MERA, bungwe loyang'anira za mafuta ndi magetsi, akhala akuletsa kugula mafuta m'zigubu popanda chilolezo, koma mafuta akasowa lamulo limatsala papepala. Pali china chomwe anthu saganizira. Petulo wa m'Malawi muno amasakanizidwa ndi ethanol wochokera ku nzimbe. Ku Dwangwa anayamba kupanga mu 1982, ndipo fakitale ina ili ku Chikwawa. Ethanol amakoka chinyezi. Petulo akakhalitsa m'chigubu chosatseka bwino, nyengo ya mvula yosatha ya kunoyi, amamwa madzi, ndipo madziwo akachuluka amapatukana n'kukhala pansi. Ndi amene amabweretsa dzimbiri m'mathanki achitsulo ndi kuwononga pampu.

MwanaWaChibavi
Ndiye tinene kuti vuto ndi ethanol?

Mphunzitsi_Ekwendeni
Ayi. Takhala tikuyendera petulo wosakaniza zaka zonsezi. Vuto ndi kasungidwe.

Dalaivala_M5
Komanso kuyendera mafuta a pansi. Geji ikafika pa E pampu imayamba kukoka zinyalala za pansi pa thanki. Muzithira fulu.

Probox_Yoyera
Fulu? Pa mtengo uno? Mutithirire inuyo.

MdalaWaLuwinga
Pang'ono pokha a Dalaivala. Pampu imakoka kuchokera pansi nthawi zonse, kaya thanki yadzaza kaya ili pa E, chifukwa kasefa kaja kamakhala pansi penipeni. Kuipa koyendera mafuta ochepa n'kwina. Pampu ya m'thanki imaziziritsidwa ndi petulo yemweyo. Akachepa kwambiri, pokhota kapena pachitunda imayamba kumeza mpweya, imatentha, moyo wake umafupika. Choncho malangizo anu ndi abwino, chifukwa chake ndiye mwaphonya.

Admin_Mpoto
Akuluakulu, za mizere ndi za kabaza zili ndi malo ake. Mayiwa afunsa za fyuluta. Wodziwa kasinthidwe afotokoze.

Sipanala14
Chabwino. Ndifotokoza momwe ndimachitira ine pa 121, koma mayi, ngati mlongo wanuyo sanagwirepo za mafuta, werengani kuti mudziwe zoyang'anira makaniko, osati kuti mukayesere pakhomo.

Thanki ikhale ndi mafuta ochepa, kota kapena kucheperapo. Ikakhala yodzaza, mukangomasula petulo asefukira m'galimoto ndipo fungo lake mukhala nalo mpaka Khirisimasi. Galimoto ikhale panja, zitseko zonse zotsegula. Pasakhale wosuta, mbaula, kapena wowotcherera zitsulo pafupi. Izi sindikunena mwamwambo chabe. Nthunzi ya petulo ndi yolemera kuposa mpweya, imayenda chapansipansi, imakapeza moto womwe inu mukuuona ngati uli kutali.

Mukazula mpando n'kutsegula chivundikiro choyamba, musathamangire paipi. Muli puresha, petulo akuthirani m'maso. Zulani soketi ya mawaya a pampu, lizani injini, isiyeni mpaka izime yokha. Mukatero zimitsani kiyi, chotsani waya wa negativi kubatire, tsegulani chotsekera pothirira mafuta kuti mpweya utuluke.

Tsopano apa ndi pamene ambiri amalakwitsa. Pamwamba pa thanki pamakhala fumbi lambiri, makamaka galimoto yoyenda misewu ya ku Mchengautuwa kapena ku Masasa. Pukutani bwinobwino ndi bulashi ndi nsanza musanamasule kalikonse. Mukapanda kutero, dothi lonselo ligwera m'thanki, fyuluta yatsopano iyamba ntchito ndi matope omwe mwathira nokha.

Paipi ya mafuta imagwidwa ndi kakilipi. Kachotseni ndi zala kapena sikuludiraiva yaing'ono, nsanza ili pompo, ndipo musakataye. Kenako masulani timabawuti tozungulira chitsulo chopanikiza chija. Pozula chipangizo chonse muzichipendeketsa pang'onopang'ono, chifukwa fuloti ili ndi kamkono kawaya kopyapyala. Kakapindika, geji iyamba kunama.

Mukafika nacho patebulo, jambulani ndi foni musanaphwasule. Pampu, regulator ndi fuloti zimachoka pa fyuluta yakale n'kupita pa yatsopano. Timalabala tozungulira tija, ka pakamwa pa pampu ndi ka pa regulator, ikani tatsopano, mutinyowetse ndi petulo kuti tilowe osapotoka. Kalabala ka pakamwa pa pampu kakatsala m'fyuluta yakale osaona, galimoto ilira koma puresha izithawira m'thanki momwemo, mudzati mwagula fyuluta yafeki. Kasefa ka pansi musinthenso, n'kotchipa poyerekeza ndi pampu. Musanabwezere, unikani m'thanki ndi tochi ya LED. Mukaona madzi kapena matope pansi, thanki itsitsidwe itsukidwe, apo ayi ntchito yonseyi ndi yongotaya nthawi.

Pobwezera, labala yaikulu ya pakamwa pa thanki ikhale bwino m'malo mwake, timabawuti mumange mopingasa, pang'onopang'ono, osati mwamphamvu. Lizani injini mpando musanabwezere, muone ngati pakudontha. Ichedwa pang'ono kulira koyamba, n'zabwinobwino.

Probox_Yoyera
Zonsezi bwanji? Gulani chipangizo chonse chochotsa m'galimoto yophwasula, mungozula n'kuika. Mphindi zochepa ntchito yatha.

Sipanala14
Ndiye mwagula fyuluta yomwe yayenda kale makilomita osadziwika. Kaunjika ndi wa malaya, akulu.

Probox_Yoyera
Koma ya ku Japan yakale imaposa yatsopano yafeki. Zili m'mashopu muno zina bokosi lokongola, m'kati kapepala kosefa kochepa. Ine ndinaikapo yotere, siinakhalitse.

MdalaWaLuwinga
Nonse muli ndi mfundo. Chiyambire pamene kwacha inagwa ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, zipangizo zenizeni zinakwera moti ambiri sitizifikira, n'chifukwa chake zafeki zadzaza. Ine ndimati pampu yeniyeni yomwe inabwera ndi galimoto, ngati ikadali ndi mphamvu, musaitaye. Sinthani fyuluta ndi kasefa basi. Pogula tengani nambala ya chasisi ya pa bulu buku, ndipo ngati n'kotheka nyamulani yakaleyo mukafananize pakauntala, chifukwa zilipo zofanana maonekedwe koma potulukira paipi n'posiyana. Yopepuka modabwitsa, ya pulasitiki yokhala ndi timinyanga m'mbali, isiyeni.

MwanaWaChibavi
Bwanji osangoipopera mpweya wa kompuresa chobwerera, n'kuibwezera? Kale tinkatero.

MdalaWaLuwinga
Mpweya umang'amba pepala la m'kati. Galimoto ithamanga ndithu, chifukwa palibenso chosefa, kenako mudzalira ndi ma injector.

Kabaza_Katoto
Nanga bwanji kudula paipi kuboneti n'kuikapo kafyuluta kapulasitiki koonekera m'kati kaja? Muziona litsiro ndi maso, kakada mwasintha. N'kotchipanso.

Sipanala14
Ayi ayi ayi. Chonde wina asayesere. Timeneto ndi ta kabuleta, pa njinga yanu kapena pa Nissan 1400 zakale zija, pomwe mafuta amayenda ndi puresha yochepa kwambiri. Pa injini ya ma injector ngati ya 121 pali 3 bar. Kaphulika kapena paipi ivuka, petulo awazikira pa injini yotentha. Galimoto zimapsa choncho.

Hilux_Rumphi
Pepani ndilowerere, poti akatswiri muli pompano. Yanga ndi Hilux D-4D ya dizilo. Pa dashibodi pakumayaka kanyali ka fyuluta, makamaka ndikamatsika Chiweta. Nayonso ili m'thanki?

MdalaWaLuwinga
Ayi bwana, yanu ili kuboneti, poonekera, ili ndi kopopera ndi dzanja pamwamba. Dizilo amasefedwa mosiyana chifukwa mdani wake wamkulu ndi madzi. Madzi ndi olemera kuposa dizilo, amakhala kunsi kwa fyuluta, ndipo kuli sensa yomwe imayatsa nyaliyo akachuluka. Potsetsereka amasunthira mbali imodzi, n'chifukwa chake mukuiona pa Chiweta. Ikani kachitini kunsi, masulani pang'ono kotulutsira madzi, popani pamwambapo mpaka mutayamba kuona dizilo woyera, mumangenso ndi dzanja. Nyali ikapitiriza, kapena ngati fyulutayo yakhalitsa, sinthani. Mukasintha popani mpaka kopoperako kalimbe musanalize. Zinthu ziwiri musachite. Musadzaze fyuluta yatsopano ndi dizilo wa m'chigubu pofuna kuti ilire msanga, ameneyo amatha kupita ku pampu osasefedwa. Ndipo musamasule mapaipi a ma injector kuti mutulutse mpweya monga tinkachitira pa injini zakale. Pa injini za dizilo za common rail ngati yanuyi puresha imapitirira 1,000 bar, imaboola khungu.

Hilux_Rumphi
Ndamva madala. Ndimangoti nyaliyo ndi ya mawaya, ndinatsala pang'ono kuimata tepi.

MayiWaUsipa
Kumata tepi! Amuna inu.

FitYaBuluu
Nanga Honda Fit? Ndazula mpando wakumbuyo pompano nditawerenga za a Sipanala, palibe chivundikiro chilichonse.

Sipanala14
Bwezerani mpandowo achimwene. Thanki ya Fit ili pakati, kunsi kwa mipando yakutsogolo, n'chifukwa chake mipando yakumbuyo imapindika mpaka pansi. Pampu ndi fyuluta mumazifikira mukachotsa pulasitiki ya pakati ija, pa handibuleki.

NyaKatawa
Ndabwera ndi lipoti akuluakulu. Ndinapeza galaja yokhala ndi geji. Puresha inali yotsika, ndipo akaponda moto muvi umagweratu. Atazula, kasefa ka pansi kanali kakuda bii, kophwatalala, ndipo atapendeketsa fyuluta yakale munatuluka petulo wofiirira wokhala ndi timchenga, ndinagwira ndi zala n'kumamva kukhakhala. M'thanki munalibe madzi ambiri, anangopukuta. Tasintha fyuluta ndi kasefa, pampu tasiya yomweyo. Ndakwera nayo chitunda, ikukoka bwino, kulira kuja kwachepa. Koma pali ziwiri. M'galimoto mukununkha petulo, makamaka nditathira mafuta ambiri, ndipo geji ya mafuta ya padashibodi ikungokhala pa hafu osasuntha.

Probox_Yoyera
Fungo limatha lokha, tsegulani mawindo.

Sipanala14
Ayi, osati limeneli. Fungo la petulo wotayikira pogwira ntchito limachepa tsiku ndi tsiku. Lobwera mukathira mafuta ambiri likutanthauza kuti pakamwa pa thanki sipanatsekeke, labala yaikulu ija yapindika kapena abwezera yakale youma. Mwinanso kakilipi ka paipi sikanalowe bwino, ndipo kameneko kakavuka muli pamsewu ndi ngozi. Musanyamule ana m'menemo. Bwererani lero lomwe, azule mpando inu mukuona, muyang'ane ngati pamwamba pa thanki panyowa. Za gejizo, mwina fuloti yakodwa kapena kamkono kapindika polowetsa, mwinanso soketi yake sinakhale bwino. Poti atsegulanso, akonzeretu zonse ziwiri.

NyaKatawa
Andilipiritsanso?

MdalaWaLuwinga
Asayerekeze. Ntchito ndi yawo, sanaimalize. Labala yokha ngati ikufunika yatsopano ndiye mugule. Ndipo yakale ija, fyuluta ndi kasefa, musasiye pagalaja, mukamuonetse makaniko wa kwanu uja.

Dalaivala_M5
Mumufunsenso ngati pampu ija ikadalipo, minibasi yathu ikufuna.

Sipanala14
Ya Corolla pa Hiace ya dizilo? A Dalaivala, kagoneni.